Balaka, Ataliyana ndi akazi a pa kanema

Mu Januwale 1978, pa parishi ya Balaka, anyamata angapo adayamba kuimba pamodzi motsogozedwa ndi wansembe wachinyamata wochokera ku Italy, Bambo Mario Pacifici, ndipo gulu lawo lidatchedwa Alleluya Band. Mu Meyi chaka chomwecho, ku Cannes m'dziko la France, mphoto yaikulu ya mpikisano wa mafilimu idapita kwa Ermanno Olmi chifukwa cha filimu yake L'albero degli zoccoli, yosimba za alimi osauka okhala pa munda wa mwinimalo kumapeto kwa zaka za m'ma 1800. Olmi sadafune akatswiri a zisudzo. Adatenga alimi enieni a m'midzi ya Bergamo, amuna ndi akazi, nawalola kulankhula chiyankhulo cha kwawo, chimene ngakhale anthu a ku Rome amavutika kuchimva. Bergamo yemweyo ndiye kwawo kwa ansembe ambiri a chipani cha Montfort amene adadzatumikira ku Balaka, Machinga ndi Mangochi.

Pali funso limene mbiri imeneyi imadzutsa, ndipo ine limandikhudza. Anthu a dziko limene lidatulutsa akazi otchuka a pa kanema, a Anna Magnani, a Sophia Loren ndi anzawo, akhala pakati pathu zaka zoposa 50. Adabwera ndi magitala, makina osindikizira mabuku, kenako wailesi ya kanema. Nyimbo za Balaka zidamveka kuyambira ku Nsanje mpaka ku Chitipa. Koma mayi wa ku Ntaja, wa ku Ulongwe kapena wa ku Phalula, ndi chiyankhulo chake, kavalidwe kake ndi mkwiyo wake, adachedwa kwambiri kufika pa kanema, ndipo mpaka lero timangomuona mwa apo ndi apo.

Balaka idakula ndi njanji. Sitima yochokera ku Blantyre kulowera ku Salima idayamba kudutsa pano m'zaka za m'ma 1930, ndipo mu 1970 njanji ina idapatuka pa Nkaya, kuwoloka Shire pa Liwonde, kudutsa Nayuchi mpaka ku doko la Nacala. Dera lonseli lidali boma limodzi, limene kale linkatchedwa Kasupe, kenako Machinga. Balaka idadzaima payokha mu 1998. Ndi dziko lotentha, la milambe ndi thonje, kumene mvula imakonda kudula msanga. Kum'mawa kuli mapiri a Chikala ndi nyanja za Chilwa ndi Chiuta. Ayao ndiwo ambiri kwa Kawinga, kwa Liwonde, kwa Nyambi ndi kwa Kalembo, ndipo ochuluka a iwo ndi Asilamu. Alhomwe, Angoni ndi Amang'anja nawonso ali ndi midzi yawo.

Amishoni a Montfort adafika m'dziko muno mu 1901 ku Nzama, m'boma la Ntcheu, ndipo oyambawo sadali Ataliyana. Mishoni ya Utale idatsegulidwa mu 1908. Ataliyana adadzachuluka pambuyo pake, makamaka Fort Johnston itapatulidwa kukhala dera la mpingo palokha mu 1969 pansi pa Bambo Alessandro Assolari, amene adadzakhala episkopi woyamba wa dayosizi ya Mangochi. Atamwalira mu 2005 adalowedwa m'malo ndi Mtaliyana mnzawo, Alessandro Pagani, mu 2007. Kutumikira pakati pa anthu amene ambiri sangalowe m'tchalitchi mwako kumakuphunzitsa kuyamba ndi zimene aliyense akuzisowa: sukulu, chipatala, mjigo, malo ophunzirira ntchito zamanja. Bungwe la Andiamo, limene Bambo Mario adayambitsa ku Balaka m'zaka za m'ma 1980, lidachokera m'maganizo amenewa.

Tisaganize kuti luso la mkazi woima pagulu n'kusanduka munthu wina lidabwera pa sitima. Ku nsondo ndi ku litiwo anamkungwi akhala akuphunzitsa ndi nyimbo, ndi thupi, ndi kutsanzira: uyu akhala mwamuna waulesi, uyo apongozi ovuta, winayo mkazi wosadziwa kulandira alendo, ndipo wolangizidwayo amaseka kwinaku mwambo ukulowa. Agogo osimba nthano madzulo amasintha mawu kasanu m'nthano imodzi. Manganje akamavinidwa anamwali akutuluka, mudzi wonse umakhala bwalo. Luso lidalipo kale. Chimene chidasowa ndi njira yolichotsera pabwalo la mudzi kupita nalo pamaso pa anthu a kutali, popanda mkaziyo kutchedwa maina.

Ku Italy nakonso njira imeneyi sidali yapafupi. Anna Magnani adabadwa ku Rome pa 7 Malichi 1908, chaka chomwe Utale inkatsegulidwa. Bambo ake sadawadziwe, mayi ake adapita ku Egypt, ndipo iye adaleredwa ndi agogo ake aakazi. Ana otere ngambiri m'midzi yathu, kumene abambo adapita ku Joni osatumizanso uthenga. Adalowa sukulu ya zisudzo, koma chakudya ankachipeza poimba m'malo achisangalalo ndi m'masewero anthabwala, ndipo m'nthawi ya nkhondo ankasewera limodzi ndi Totò, katswiri woseketsa anthu wa dzikolo. Opanga mafilimu a m'nthawi ya Mussolini ankakonda nkhani za anthu olemera m'nyumba zonyezimira. Magnani, ndi tsitsi lake lomwazika, maso otopa ndi mawu aakulu, kawirikawiri ankapatsidwa magawo aang'ono. Mu 1942 adabereka mwana wamwamuna amene adagwidwa ndi poliyo akadali wamng'ono, ndipo adamulera yekha, akugwira ntchito kuti apeze ndalama zomulipirira kuchipatala.

Asilikali a Germany adachoka mu Rome mu Juni 1944. Mzinda udali pa njala, ndipo Cinecittà, malo aakulu ojambulira mafilimu, adasanduka msasa wa anthu othawa nkhondo. Roberto Rossellini adatolera zidutswa za filimu yojambulira kulikonse kumene akanazipeza, natuluka ndi kamera mumsewu. Filimu imene idatuluka mu 1945, Roma città aperta, idamupatsa Magnani gawo la Pina, mayi wamasiye woyembekezera amene akukonzekera kukwatiwanso. Tsiku la ukwati asilikali azinga nyumba, agwira amuna, awakweza pa lole. Pina adziphwatula m'manja mwa omugwira, athamangira lole akukuwa dzina la bwenzi lake, ndipo aomberedwa pamsewu, mwana wake akuona. Nkhaniyi idachokera pa imfa yeniyeni ya Teresa Gullace, mayi woyembekezera amene adaphedwa ndi msilikali wa Germany mu Malichi 1944 akufuna kufikira mwamuna wake amene adatsekeredwa. Anthu a ku Rome adaona pa kanema mkazi wonga oyandikana nawo nyumba, akulankhula monga amalankhulira pamsika. Magnani panthawiyo adali ndi zaka 37.

Zotsatira zake zidabwera mofulumira. Mu 1947 adalandira mphoto ku Venice chifukwa cha L'onorevole Angelina, momwe ali mayi wa ana ambiri wa m'dera la anthu osauka, wotsogolera amayi anzake kukalimbana ndi amalonda obisa chakudya. Aliyense amene adaonapo amayi atagona pamzere wa chimanga chaka cha njala amudziwa Angelina. Mu Bellissima, ya Luchino Visconti ya 1951, ndi mayi wofunitsitsa kuti mwana wake wamkazi alowe mu filimu, amene pamapeto akana pangano la ndalama ataona momwe akuluakulu a kanema akusekera mwanayo. Tennessee Williams wa ku America adalemba sewero la The Rose Tattoo akuganiza za iye. Magnani adakana kulichita pa nsanja poopa Chingerezi chake, koma adavomera filimu yake, ndipo mu 1956 adakhala mkazi woyamba wa ku Italy kupata mphoto ya Oscar ya wosewera wotsogolera. Sadapite n'komwe ku mwambo wake. Mu 1962 Pier Paolo Pasolini adamupatsa Mamma Roma, mayi amene wasiya kuyendayenda nayamba kugulitsa ndiwo zamasamba kuti mwana wake akule mwaulemu. Chaka chomwecho Sophia Loren, amene adakulira mu umphawi ku Pozzuoli pafupi ndi Naples, adapata Oscar chifukwa cha La ciociara, akulankhula Chitaliyana chokhachokha. Magnani adamwalira pa 26 Seputembala 1973, ndipo khamu la anthu wamba lidadzaza misewu pa maliro ake.

Chimene ndimachitenga pa moyo wa mayi ameneyu si mphoto ayi. Ndi chakuti dziko lake lidamupeza litasauka. Pamene ndalama zidalipo ankamulambalala. Pamene zonse zidapsa, ndi iye amene adali ndi nkhope yotha kunyamula zimene anthu adaziona.

Chaka chomwe Magnani ankamwalira, nyumba ya malamulo ya Malawi idakhazikitsa lamulo la kavalidwe, loletsa akazi kuvala thalauzi ndi siketi yosafika m'munsi mwa maondo. Zaka zisanu m'mbuyo mwake, mu 1968, kudali kutabwera lamulo lokhazikitsa bungwe lounika mafilimu, mabuku ndi masewero, ndipo lumo lake linkadula chilichonse chokayikitsa. Wailesi ya kanema kudalibe mpaka mu 1999. Nyumba zoonetsera mafilimu zidali m'mizinda, kutali ndi Nsanama. Kanema amene munthu wa kumudzi ankamudziwa ndi uja wobwera pa galimoto. M'nthawi ya atsamunda bungwe la Central African Film Unit, limene lidagwira ntchito kuyambira 1948 mpaka 1963 likulu lake lili ku Salisbury, linkapanga mafilimu ophunzitsa Afirika ulimi, ukhondo ndi kumvera boma. Titalandira ufulu, magalimoto a boma adapitiriza: nsalu yoyera ikolekedwa pa bwalo la sukulu, jenereta ilira, anthu aonera kathiridwe ka mankhwala m'thonje ndi maulendo a Ngwazi. Akazi pa kanema ameneyo ankaoneka ochuluka zedi, koma atavala nsalu imodzi, akuvina nyimbo imodzi. Mkazi payekha, wokhala ndi dzina ndi nkhani yake, sadali kufunika.

M'nyengo yotere nyimbo ndizo zidapeza poyambira, chifukwa zidali ndi mthunzi wa tchalitchi. Alleluya idakulira m'manja mwa Paul Banda, ndipo situdiyo ya Imbirani Yahwe idapatsa oimba mwayi wojambula nyimbo osadikira MBC. Mng'ono wake Lucius Banda adatuluka m'gulu lomwelo, natulutsa Son of a Poor Man dziko likusintha, nadzakhazikitsa Zembani Band, nakhalaponso phungu wa Balaka North. Adamwalira mu Juni 2024. Charles Sinetre, Coss Chiwalo, Mlaka Maliro ndi Billy Kaunda onse adadutsa m'bwalo la Balaka, ndipo Alleluya idayenda maulendo ambiri kukaimba ku Italy. Werengani mainawo bwino: ndi amuna. Akazi adalipo, akuimba kumbuyo ndi kuvina kutsogolo, ndipo ena monga Wendy Harawa adachoka ku Zembani n'kukadziimira paokha. Komabe mnyamata woyenda ndi bandi ankatchedwa woimba, pamene mtsikana woyenda ndi bandi yomweyo ankayamba wayankha mafunso a amalume ake.

Chinthu chofanana kwambiri ndi ntchito ya Rossellini ndi Olmi m'dera lino sichidachitidwe ndi Ataliyana, ndipo padalibe kamera. Chapakati pa zaka za m'ma 1980, gulu la zisudzo la Chancellor College ku Zomba, ndi aphunzitsi monga Chris Kamlongera ndi David Kerr, lidaitanidwa kuti lithandize ntchito ya zaumoyo wa m'midzi ya kufupi ndi Liwonde, imene inkathandizidwa ndi boma la Germany. Adagwira ntchito m'madera ngati Mwima ndi Mbela. Sadabwere ndi sewero lolembedwa kale. Ankayamba akhala pansi ndi anthu kumva mavuto awo, a zitsime, zimbudzi ndi matenda a ana, kenako n'kuumba sewero pa zimene amvazo, ndi nyimbo za m'mudzi momwemo. Sewero likafika povuta, wosewera ankatembenukira kwa oonera n'kuwafunsa chochita, ndipo mkangano unkasamukira kwa eni mudzi. M'kupita kwa nthawi anthu a m'midzimo adayamba kusewera okha.

Tangoganizirani tanthauzo lake m'dziko la chipani chimodzi, pamsonkhano pamene mfumu ndi wapampando wa chipani ndiwo ankalankhula, amayi atakhala kumbali pamkeka. Nkhani ya chitsime ndi nkhani ya amayi. Ndiwo amatunga, ndiwo amachezera ndi mwana wotsegula m'mimba. Sewero lidawapatsa mpata wonena pagulu zimene sakadanena pamsonkhano, chifukwa wolankhulayo si iwo koma munthu wa m'sewero. Ine ndimawawerenga amayi amenewa ngati akatswiri oyamba a dera lino amene adasewera moyo wawo weniweni pamaso pa anthu, ndipo zimandipweteka kuti mabuku adasunga maina a aphunzitsi ndi a midzi, koma nkhope za amayiwo sitingazionenso.

Pa 8 Malichi 1992 kalata ya maepiskopi ya nyengo ya Lenti idawerengedwa m'matchalitchi onse a Katolika, ikudzudzula umphawi, kukondera ndi mantha amene adatseka anthu pakamwa. Idasindikizidwa ku Balaka, pa makina a Montfort, ndipo pasadapite nthawi nyumba yosindikizirayo idatenthedwa. Idadzukanso, ndipo pansi pa Bambo Piergiorgio Gamba idakula kukhala Montfort Media, yotulutsa magazini ya The Lamp, ya Together ndi nyuzipepala ya Mkwaso. Referendamu ya pa 14 Juni 1993 idatsegula zambiri, ndipo lamulo la kavalidwe lidachotsedwa m'nyengo yomweyo.

Ufulu utabwera, kanema adalowa m'midzi ndi khomo lakumbuyo. Pa Liwonde, pa Ntaja, pa Mangochi Turn Off ndi pamsika uliwonse padabuka timanyumba ta vidiyo, tophimbidwa ndi ziguduli, sipika italozetsedwa kunja kuti iitane anthu. Poyamba adali mafilimu a nkhondo ndi karate, kenako a ku Nigeria, ndipo pambuyo pake adadza aja omasuliridwa m'Chichewa, momwe mnyamata mmodzi amalankhulira anthu onse a mu filimu. Oonera ambiri adali anyamata. Mtsikana wolowa m'menemo ankanenedwa. Koma mafilimu a ku Nigeria atafika m'nyumba za anthu, amayi adaona akazi akuda akutsogolera nkhani, akulira, akubwezera, akulemera, ndipo funso lidabadwa lokha: nanga athu ali kuti? TVM idayamba mu 1999, Tikuferanji adakhala sewero la banja lonse, ndipo mu 2007 Balaka idakhala ndi wailesi ya kanema yakeyake, Luntha TV, ya a Montfort omwe aja.

Mkazi amene adalambula njira pa nsanja m'zaka zimenezi ndi Gertrude Kamkwatira. Adasewera mu Wakhumbata Ensemble Theatre ya Du Chisiza Jr, ndipo Du atamwalira mu 1999 adanyamula ntchitoyo, nadzayambitsa gulu lake la Wanna-Do, akulemba yekha masewero, kuwatsogolera ndi kuseweramo. Adamwalira mu 2006, zaka ziwiri filimu imene idatsegulira akazi athu khomo la kunja isadatuluke.

Filimuyo ndi Seasons of a Life ya Shemu Joyah, munthu amene ntchito yake yophunzira ndi yoyeza malo, amene adaika ndalama za m'thumba mwake mu kanema. Flora Suya adasewera Sungisa, mtsikana wamasiye wogwira ntchito m'nyumba ya banja lopanda mwana, amene apatsidwa mimba ndi bwana wake, asiya mwanayo, aphunzira mpaka kukhala loya, kenako abwerera kudzamenyera mwana wake kukhoti. Nkhani ya mtsikana wantchito si yachilendo ku Machinga. Ambiri mwa ana amene amasesa nyumba za ku Blantyre ndi ku Lilongwe amachokera m'midzi ngati yathuyi. Pa mphoto za Africa Movie Academy Awards za 2010 ku Nigeria, Suya adalowa m'gulu la opikisana pa mphoto ya mkazi wotsogolera sewero, ndipo Tapiwa Gwaza, amene adagwirapo ntchito m'ndege, adabwera nayo kumudzi mphoto ya mkazi wothandizira. Dziko lopanda sukulu ya mafilimu, lopanda nyumba zoonetsera zokwanira, lidapambana pakati pa Nigeria, Ghana ndi South Africa chifukwa cha akazi awiri.

Filimu yachiwiri ya Joyah, The Last Fishing Boat ya 2012, ndiyo idayandikira kwathu. Idajambulidwa m'mbali mwa nyanja ku Mangochi. Hope Chisanu ndi Yusufu, msodzi amene kale ankatchuka koma tsopano nsomba zikutha m'nyanja, ndipo gombe likudzaza ndi malo ogona alendo. Suya ndi Abiti Anefa, mkazi wake wachitatu, amene mlendo wachizungu wamuika m'maso. Kungomva dzina lakuti Abiti pa kanema, munthu wa kwa Kawinga amadziwa kuti akunena za mlongo wake. Suya adasewera mosiyana ndi Magnani. Wa ku Rome uja ankaphulika. Abiti Anefa amayang'ana pansi, amayankha mwachidule, ndipo zonse zimene akuganiza muyenera kuziwerenga pankhope. Ndi momwe mkazi wolangizidwa amabisira mtima wake pamaso pa mwamuna ndi pamaso pa mlendo, ndipo kusewera munthu wobisa mtima kwinaku oonera akuuona mtimawo ndi luso lovuta kuposa kukuwa. Adalowanso m'gulu la opikisana pa mphoto zija mu 2013, ndipo filimuyo idapata mphoto ya nyimbo zake.

Ataliyana nawo ali ndi filimu ya asodzi, La terra trema ya Visconti ya 1948, yojambulidwa m'mudzi wa Aci Trezza pa chilumba cha Sicily. Banja likongola ndalama pogwiritsa nyumba yawo ngati chikole kuti lileke kudyeredwa ndi ogula nsomba. Namondwe aphwanya bwato, ndipo zonse zipita. Osewera onse adali asodzi a m'mudzimo ndi akazi awo, akulankhula Chisisiliya. Machinga ili ndi nkhani yoposa imeneyo. Nyanja ya Chilwa idaphwa mu 1968, idaphwanso mu 1995, ndipo m'zaka zaposachedwa yakhala ikubwerera m'mbuyo kobwerezabwereza. Ikaphwa, matemba, makumba ndi milamba zimatha, mabwato amagona pamatope ouma, amuna amasamukira ku Chiuta, ku Malombe kapena kutsidya la malire, ndipo amatsala ndi amayi amene ankawamba nsomba ndi kukagulitsa. Amayi amenewa amadziwa mtengo wa dengu la matemba, amadziwanso zimene asodzi ena amafuna kuwonjezera pa ndalama. Wolemba filimu sangasowe poyambira.

Apa ndi pamene nkhani ya chiyankhulo imalowera. Mafilimu athu oyamba adatsamira kwambiri pa Chingerezi, ndipo chifukwa chake n'chomveka: wopanga filimu wawononga chuma chake, akuyang'ana mipikisano ya kunja kuti mwina abweze kangachepe. Koma Loren adapata Oscar m'Chitaliyana, ndipo Olmi adapambana ku Cannes ndi chiyankhulo cha m'midzi ya Bergamo. Mu 2019, The Boy Who Harnessed the Wind ya Chiwetel Ejiofor, yosimba za William Kamkwamba wa ku Kasungu, idafikitsa Chichewa pa Netflix. Amalawi ambiri adadandaula ndi katchulidwe ka osewera ochokera kunja, ndipo khutu lidapuma pamene Lily Banda, mwana wa konkuno wosewera Annie, adatsegula pakamwa. Mayi akamakalipira mwana, akamadandaula pamaliro, akamanenerera mtengo wa tomato, chiyankhulo chobwereka chimamuchotsera theka la mphamvu. Ngati zili choncho ndi Chichewa, nanga Chiyao ndi Chilhomwe, zimene pa kanema wathu zimangomveka pang'ono, kawirikawiri pofuna kuseketsa anthu?

Akazi athu a pa kanema adazindikira msanga kuti kudikira kuitanidwa n'kudzipha ndi njala, pakuti filimu yaikulu imatuluka patapita zaka. Adayamba kupanga okha. Joyce Mhango Chavula, amene adayambira pa nsanja ndi gulu lake la Rising Choreos, adapanga filimu ya Lilongwe, imene idapata mphoto ya filimu yopambana ya kum'mwera kwa Africa pa Africa Magic Viewers' Choice Awards mu 2016. Flora Suya adakasewera ku Zambia mu filimu ya Chenda, natulutsanso yakeyake, My Mother's Story, yonena za mayi wolera yekha ana. Mphoto imene Chavula adapata idabweranso kuno mu 2018 ndi The Road to Sunrise ya Joyah, momwe Mirriam Phiri ndi Chantelle Phiri akusewera akazi awiri oyendayenda a mu Blantyre, mitu yomwe Pasolini adaigwira mu Mamma Roma. Filimu imeneyi ndiyo idakhala yoyamba kutumizidwa ndi Malawi ku mpikisano wa Oscar, ndipo idatsatidwa ndi Fatsani, momwe Hannah Sukali akusewera mtsikana wogulitsa nthochi mumsewu sukulu yake itatsekedwa.

Nkhani zonsezi, kupatula ya Abiti Anefa, zimachitikira mumzinda kapena kutali ndi kuno, ndipo opanga ake amakhala ku Blantyre ndi ku Lilongwe. Balaka ili ndi zinthu zimene maboma ambiri alibe: wailesi ya kanema, anthu odziwa kamera ndi zojambulira mawu, oimba otha kupeka nyimbo za filimu, maholo a parishi, ndi ubale wakale ndi dziko limene lili ndi sukulu ya mafilimu ku Rome kuyambira 1935. Magulu a zisudzo ali m'masukulu, m'matchalitchi ndi m'mabungwe a achinyamata, ndipo atsikana ndiwo amadzaza magulu amenewa, akusewera za Edzi, za maukwati a ana ndi za nkhanza za m'banja nthawi zonse bungwe likabwera ndi ndalama za tsiku limodzi. Bungwelo likapita, sewero limathera pomwepo, ndipo mtsikana uja amabwerera kukagulitsa mandasi pa siteji ya basi. Anyamata a m'matauni aang'ono ayamba kujambula timasewero pa foni n'kuika pa Facebook ndi pa YouTube, ndipo m'menemo Chiyao chikumveka kuposa momwe chidamvekera pa wailesi ya kanema ya boma. Chimene chatsala ndi munthu wolemba nkhani yaitali ya mayi wa ku gombe la Chilwa kapena wa m'munda wa thonje ku Utale, wopita kukafunafuna wosewera wake m'magulu omwewa, n'kumulipira monga wantchito.